Chigongono cha Yohane

Dzulo madamu anga, omwe ndi Mdatchi, anaika paketi ya mapadi patebulo, pakati pa buledi ndi malalanje, n'kuyamba kufotokozera mwana wawo wamkazi za msambo. Abwana anali pomwepo akumwa khofi. Madamu atandiona nditaima kakasi pakhomo anati, "Kwathu ku Holland ana amaphunzira zimenezi kusukulu adakali aang'ono."

Ndinabwerera m'kachipinda kanga kopanda windo, kuno ku Onaiza, kutsidya kwa nyanja, komwe sindituluka pageti popanda chilolezo, ndipo mtima unapita kwathu ku Dowa.

Nditatha msinkhu, azakhali ananditsekera m'chipinda chosungiramo fodya. Fungo lake linandilowa mpaka m'tsitsi. Anandipatsa nsanza za chitenje n'kunena kuti, "Kuyambira lero, mnyamata akangokukhudza, ndi mimba imeneyo."

Kusukulu ndinkakhala benchi limodzi ndi mnyamata wina dzina lake Yohane. Tsiku lina akufufuta masamu, chigongono chake chinagunda changa. Mwezi wotsatira msambo sunabwere. Ndinayamba kumanga m'mimba ndi lamba wa abambo, ndipo m'mawa uliwonse ndinkabisala m'munda wa chimanga m'malo mopita kusukulu. Amayi atandipeza, ndinaulula ndikulira kuti, "Yohane wandipatsa mimba ndi chigongono."

Sanaseke, komanso sanandifotokozere kanthu. "Wayamba kuganiza za amuna iwe," anatero, n'kundisiyitsa sukulu.

Zoona zake, zoti chigongono sichipereka mimba, ndinazidziwa patapita zaka ndili kale ndi mwana kumbuyo, ndipo mpaka lero ndikukolopa nyumba za eni chifukwa cha nkhani yomwe akuluakulu anachita nayo manyazi.