Zuze ndi Mwala wa ku Kunsikwansi

Ndikukumbukira kamwala ka malasha kamene abambo anabwera nako kwathu ku Zobue, ndipo ndikakakumbukira mtima umandipsabe mpaka lero. Abambo ankagwira ntchito mumgodi ku Moatize, kumudzi ankabwera patalipatali. Ulendo wina kamwalako kanatsalira m'thumba la jekete yawo, kakuda bii, konyezimira, konunkha ngati utsi wa sitima. Mlongo wanga wamng'ono, Zuze, anakatola, ndipo mavuto anga anayambira pomwepo.

Zuze anali asanayambe sukulu, koma pakamwa pake panali posagona. Ankati pansi pa mgodi wa abambo pali dziko lotchedwa Kunsikwansi. Anthu ake ndi aafupi ngati mitondo, amabadwa ndi nyali pamphumi, ndipo salima. Ali ndi mwala wolembera basi. Ukalemba mbuzi, mbuzi imalira pakhomo. Ukalemba mvula, thamangira kukaanula ufa. Kamwala kake kaja, ati, kanachokera kumeneko. Bodza lamkunkhuniza! Koma iye ankalinena nkhope ili gwa, mamina ali pamlomo.

Vuto linali limodzi: mwalawo sumvera zojambula, umafuna zilembo, ndipo wolemba akhale mwini wake. Ndiye ine, Filomena, amene ndinali ndekha wapasukulu m'nyumba mwathu, ndinaona zakuda. Ndikusinja, Zuze ali pambali pa mtondo. Ndikupita kuchitsime, Zuze pambuyo ngati kagalu. "Achemwali, chilembo cha mimba chija chimayang'ana kuti?" Ndinkamulembera pansi ndi chala kuti angondichoka, nthawi zina ndi khofi pamutu. Sindinkamuphunzitsa ayi, ndinkangodzigulira mtendere.

Chaka chimenecho ine ndinali ndi zanga zondidetsa nkhawa. Abambo anali atanena kuti mwana wamkazi akadziwa kulemba dzina lake zakwana, kumunda kukufunika manja. Amayi anawachonderera, ndiye abambo anati akabwera pa Natale, pa Khirisimasi paja, ndiwaonetse chimene sukuluyo yandipatsa. Akapanda kuona kanthu, basi, khasu.

Mapepala masiku amenewo anali osowa, tinkalemba pa sileti. Tsiku lotsekera sukulu apulofesolo athu, munthu wouma mtima amene mbalamatodya yake, kathabwa komenyera m'manja, inatitupitsa zikhatho chaka chonse, anayang'ana masamu anga nthawi yaitali. Kenako anatenga choko nalemba pansi pake mawu awiri a Chipwitikizi, "Muito bem", kutanthauza kuti ndachita bwino kwambiri. Mawu amenewo sankatuluka wamba m'dzanja lawo. Ndinaphimba siletiyo ndi tsamba la nthochi, ndinayenda nayo mumvula yowaza nditawerama ngati nkhalamba, osalola ngakhale nsalu yanga kuikhudza. Kunyumba ndinaisomeka kudenga, pamwamba pa chitseko. Aliyense ndinamuchenjeza, ndipo Zuze ndinamuchenjeza nditamugwira khutu.

Tsiku lobwera abambo, amayi anali atazira khoma lakumaso ndi mtsiro woyera, nyumba yonse ikununkhira dothi lonyowa. Ndinapita kukatunga madzi. Pobwera ndinapeza mtondo uli chafufumimba pakhomo, pamene wina anapondapo kuti afikire kudenga. Zuze anali khale kuseri kwa nkhokwe, sileti yanga pamiyendo. Anali ataipukuta ndi malovu. Masamu onse, mawu a apulofesolo, zonse fufutu! Apulofesolo nawonso anali atapita kale kwawo kutchuthi, kunalibe wokandilemberanso.

Ndinamufunsa kuti wachitiranji zimenezi. Iye, osachita ndi manyazi omwe, anati choko ndi fumbi chabe, chilibe mphamvu, ndiye amafuna alembepo ndi mwala weniweni. Koma taganizani, malasha akuda pa sileti yakuda! Palibe chinaoneka, anangoikalakala. Ndinamuponyera nkhata, ndinamuponyera chikho, ndinamuthamangitsa mpaka m'chimanga, kenako ndinakhala pansi n'kulira mokuwa ngati pamaliro. Amayi anabwera kudzanditonthoza kuseri, ndipo apa m'pamene tinalakwa, chifukwa Zuze anatsala yekha kumaso ndi khoma loyera lija.

Abambo anatsika lole pamsewu wa ku Tete dzuwa litapendeka. Titamva agalu tinathamangira kumaso, ndipo amayi anangogwira kumutu. Khoma lawo lonse, kuyambira pachitseko mpaka pangodya, linali ndi zilembo zakuda, zina zazikulu ngati lichero, zina zogona chammbali. Zuze anaima pambali, manja ndi mphuno zili bii, akumwetulira ngati wapha njovu.

Abambo anatula kathumba kawo. Kuwerenga ankakudziwa pang'ono, anaphunzira kwa anzawo a ku Nyasalande mumgodi. Anayenda ndi chala pakhomapo, milomo ikugwedera: FILO APITE KU SUKULU. Anatembenukira kwa Zuze.

"Walemba ndani apa?"

"Ine, ababa. Ndi mwala wa ku Kunsikwansi."

"Zilembozi wakuphunzitsa ndani?"

Zuze anandiloza ndi chala chakudacho. "Achemwali. Koma amamenya."

Abambo anandiyang'ana, maso anga ali otupa, sileti yopanda kanthu m'manja. Anayang'ananso khoma. Sanaseke, sanakalipe. Anangouza amayi kuti khomalo asalizirenso mpaka iwo atabwerera kuntchito, ndipo kuti sukulu ikatsegulira ana apite awiri. Za khasu sanazitchulenso.

Mukuganiza kuti Zuze anapepesa? Aaa, mwana uja! Anayenda mudzi wonse kulengeza kuti mwala wake wagwira ntchito. Ine amene ndinavutika ndi masamu, ine amene ndinatupa zikhatho, ine amene ndinamulowetsa zilembo m'mutu wake wouma, sankanditchula n'komwe. Ndinadzakhala mphunzitsi, ndinaphunzitsa ana mpaka imvi, koma pa ukwati uliwonse wa pabanja pathu Zuze ankaimirira n'kuuza alendo kuti uphunzitsi wanga anaulemba ndi iyeyo pakhoma.

Masiku ano sileti kulibe, adzukulu anga amataya makope olembedwa theka. Mgodi nawo suli wolowa pansi ngati wa abambo, ku Chipanga, kufupi ndi Moatize, anautsegula pamwamba, chidzenje choti munthu kuyang'ana chizungulire. Titakalamba tonse, ndinapita naye Zuze kumeneko dala. Tinaima m'fumbi, magalimoto a malasha akudutsa, ndipo ndinamuuza kuti aone yekha: akumba mpaka apo, anthu ake a nyali pamphumi ali kuti?

Anasuzumira atatsamira ndodo yake, nati, "Achemwali, sanafike. Akumbe ndithu."

Zuze anatisiya chaka chathachi. Kamwala kaja tinakapeza m'thumba la jekete yake, katatha mbali imodzi. Ana ake ankafuna kukataya, ine ndinawalanda. Kali m'kabati mwanga, ndipo sindikhulupirira za Kunsikwansi ngakhale pang'ono. Kungoti sindilola mwana aliyense kukagwira, angalembe nako zopusa.