Mitanda Iwiri ya Ulusi Wofiira

Mayi Léontine anachapa zovala ku Montmartre, dera la paphiri m'dziko la Falansa, zaka makumi atatu, ndipo sindinagwirepo ntchito ndi munthu wokayikira anzake ngati iwo. Malaya aliwonse ankayamba awanunkhiza. Akangomva mafuta a mkazi pa kolala ya mwamuna wa mwini, pofika masana msewu wonse unali utadziwa.

Magetsi atafika, nyumba za dansi zinachuluka paphiri pathupa. Lolemba lililonse imodzi mwa nyumbazo inkatitumizira dengu la mapitikoti a atsikana ovina, aja oponya miyendo m'mwamba. Léontine ankachapa akulalata.

"Ana opanda mwambo! Amayi awo ali kuti?"

Amuna awo, a Firmin, oyendetsa ngolo ya akavalo, ndiwo ankaona zakuda.

"Firmin, ukununkhanso fodya wa anthu olemera iwe!"

"Ndimangowanyamula, mayi. Ndingavine ndi mwendo uti?" ankayankha a Firmin, akutsimphina.

Amene sankamukayikira anali mwana wawo yekhayo, Apolline. Mtsikanayu ankati amagwira ntchito ya usiku kolumikiza matelefoni, ndipo mayi ake ankamutama mpaka kutitopetsa.

Ochapa tonse tinkasoka chizindikiro cha ulusi wofiira pa zovala za makasitomala kuti zisasokonekere. Léontine ankasokanso ngakhale za m'nyumba mwawo, mitanda iwiri mkati mwa mpendero, poopa kuti ife anzawo tingawabere.

Lolemba lina m'mawa, tikusankha za m'dengu lija, ndinaona manja a Léontine ataima. Anagwira pitikoti yong'ambika m'munsi, mmene zimang'ambikira za ovina. Atatembenuza mpendero, mitanda iwiri ija inali pomwepo.

"Mwina wina anamubera Apolline," ndinatero. Ndinkanama. Tonsefe tinadziwa kalekale kuti mwanayo amavina, kungoti tinkaopa pakamwa pa mayi ake.

"Khala chete, Honorine."

Anainunkhiza nthawi yaitali. Ndinawamvera chisoni, ine amene ndinkafunitsitsa kuti tsiku lina adzachite manyazi. Ndinkayesa aiponya pamoto, koma anaichapa okha, kuisoka, kuisita, n'kuibwezera m'dengu.

Madzulo Apolline anasuzumira pakhomo, chipewa chili kumutu.

"Amayi, ndapita kuntchito."

"Pita bwino, mwanangu," anatero Léontine, maso ali pa simbi. "Koma matelefoni akowo akung'amba mpendero. Ndausoka kawiri."

Mtsikanayo anaima pakhomopo, kudikira kuti amuthamangitse. Mayi ake anangopitiriza kusita.

Lolemba lotsatira dengu linabwera monga mwa masiku onse. Léontine anachapa mapitikoti onse mwakachetechete, osafunsa kuti amayi a anawo ali kuti.