Chimanga cha m'dzenje

Ndinali ndi zaka khumi pamene tinakolola chimanga chathu choyamba ku Lukwa. Tinali titathawa nkhondo kwathu ku Mozambique, ndipo bambo anapeza utenanti pa esiteti ina ya fodya, komwe anatipatsanso kamunda kuseri kwa zigafa.

Kwathu nkhokwe inkaitana asilikali, choncho bambo sanaluke nkhokwe. Ine ndi iwo tinakumba dzenje, tinayalamo udzu, n'kuthiramo chimanga chonse. Titakwirira tinamwazapo masamba ouma. "Wina akafunsa, uziti sitinakolole," anatero. Anaiwala kuti kwathu tinkakumba m'phiri, pouma, pomwe kuno madzi a mvula sathamanga.

Mvula itakhazikika, mayi anandituma kukatapa. Nditafukula, ndinamva fungo ngati la masese. Chimanga chinali chitada, china chitamera. Ndinapisa mkono wonse kufuna chouma, osachipeza.

A Mwale, tenanti wa nyumba yoyandikana nafe, anandipeza nditagwada pamenepo. Bambo atafika ndinayembekeza kukalipiridwa poti chinsinsi chaululika, koma anangokhala pansi.

"Achimwene, mumabisira ndani?" anafunsa a Mwale. "Ife kuno timaba fodya wa bwana, osati chimanga cha mnzathu."

Bambo sanaseke. "Inu simunaone zimene tinaona."

"Zoona. Komatu mayi a kunyumba akhala akundivutitsa kuti anthu awa alibe nkhokwe, akudya chiyani? Ine n'kumati asiyeni, mwina sakonda kufunsidwa."

Sabata yomweyo a Mwale anabwera ndi nsungwi zolukira nkhokwe. Bambo ankafuna nkhokweyo ikhale kuseri kwa nyumba, koma iwo anakanitsitsa, n'kuiimika pabwalo, poonekera aliyense wodutsa. Amayi a pa esiteti anabwera mmodzimmodzi, wina ndi lichero, wina ndi beseni, m'miyezi imene nawonso ankachita kupima ufa. Nkhokweyo sinadzaze, koma chimanga anatipatsacho tinafika nacho nthawi ya maungu.

Lero ndimamvetsa chifukwa chimene a Mwale anaumirira. Nkhokwe ikakhala pabwalo, tsiku limene mayi ayamba kulowamo thupi lonse kuti atape, anansi amakhala atadziwa kale, iwe usanatsegule pakamwa kupempha. Bambo zinawatengera zaka kuti azolowere. Akamva galimoto kumsewu, maso awo ankathamangira kunkhokweko. Koma chaka chilichonse ankaikonza pamalo omwewo, ndipo patapita nthawi, nkhokwe ya a Mwale itatsika, lichero loyamba linachokera kwa mayi anga.