Dzina limene ndinalikana ku sukulu

Ndinali ndi zaka khumi pamene ndinadzisintha dzina. Kwathu, kufupi ndi Mitundu, ankanditcha Yamwani, ndipo ku sukulu dzinali linkandiliza pafupifupi tsiku lililonse. Aphunzitsi akangoliitana, anyamata akumbuyo ankayamba kupsopsona milomo ngati khanda lili pabere. Ku mpira ndikaphonya chigoli ankati ndipite kaye ndikayamwe.

Titalowa Sitandade 4 kunabwera mphunzitsi watsopano. Pamene ankalemba mayina m'kaundula, ine ndinangoti, "Yamikani." Analemba osafunsa, ndipo ndinamva ngati ndavula malaya oyabwa.

Ndinakulira m'manja mwa amalume, amene ankakonza njinga pamsika. Mayi anga anamwalira ine ndili wa masiku atatu. Zimenezo ndinkazidziwa, koma sindinafunsepo kuti nanga mwana wa masiku atatu amakula bwanji wopanda mayi ake.

Potsekera teremu yachiwiri ndinawapatsa amalume lipoti. Anapukuta girisi m'manja, n'kuliwerenga kawiri.

"Mwana wa eniyu wakhoza bwino masamu," anatero. "Nanga lako lili kuti?"

Ndinawauza zonse ndikuyang'ana pansi, ndikudikira khofi. Sanandikhudze. Anangoti Loweruka ndivale malaya akutchalitchi.

Tinanyamuka mmawa pa njinga, ine pakaliyala, kulowera cha ku Nathenje. Inali nyengo yosankha fodya. Tinafika pa esiteti ina dzuwa lili paliwombo, fungo la fodya wouma likukanda kukhosi. M'chigafa munali mayi wina wochepa thupi, atakhala pamkeka, manja ali bii ndi utomoni wa fodya. Amalume anandinong'oneza kuti amenewo ndi mayi Esitere, atenanti ochokera ku Phalombe.

Atandiona anasiya masamba amene anali m'manja. "Yamwani! Ndi ameneyu?"

"Mufunseni nokha, mayi," anayankha amalume. "Akuti masiku ano ali ndi lina."

Ndinalitchula motsitsa mawu. Mayiwo anandikhazika pambali pawo.

"Ndi labwino limenelonso. Amakuseka, eti?"

Ndinagwedeza mutu. Apo m'pamene anandifotokozera, manja akupitiriza kusankha fodya. Chaka chimene ndinabadwa, iwo ndi amuna awo ankalima pa esiteti yoyandikana ndi mudzi wathu. Mwana wawo woyamba anamwalira ali wa masiku anayi, ndipo mawere anatupa mkaka mpaka kuwapatsa malungo. Sabata yomweyo amalume anafika pakhomo pawo atandifungata m'chitenje. Kumudzi anali atayesa mkaka wa ng'ombe, ine n'kusanza. Anali atayesa madzi a shuga pa supuni. Achibale ena ankati anditche Masiye, ena ankati kutcha dzina n'kungodzivutitsa poti sindikhalitsa.

"Ndinkaopa," anatero mayi Esitere. "Mlendo ine, mwana wa eni akafere pachifuwa panga, anthu akanati chiyani? Koma ndinakulandira. Tsiku lonse sunakoke. Ndinkangofinyira timadontho pamilomo pako, ndikukuchonderera ngati munthu wamkulu: yamwani, bambo, yamwani. Mawa lake masana unakoka. Ndinakuwa, mpaka amayi anzanga anathamanga poganiza kuti wapita."

Anandiyamwitsa chaka ndi theka, akulima fodya ine ndili kumsana. Mawu aja anthu anawazolowera, ndipo anasanduka dzina.

"Wanga uja anapita mchombo usanagwe, wopanda dzina. Sindinaberekenso. Ndiye dzina limene ndinatchapo munthu pa dziko lino ndi lomwelo." Anandigwira bondo. "Koma amene amalisenza ndiwe, mwananga. Ngati likukulemera, tula. Ine chimene ndinkafuna n'choti ukhale ndi moyo, ndipo ndiwe uyu uli apa."

 Ndinkangoyang'ana bulauzi yawo yothetheka, ndikuchita manyazi amene sindinawadziwepo, osiyana ndi aja a m'kalasi. Potsanzikana anandimangira mtedza pakansalu.  Njira yonse yobwerera amalume anangondiuza kuti ndisamalowetse mapazi m'masipoko.

Ndikanakonda kulemba kuti sukulu itatsegulira ndinakakonza dzina m'kaundula. Ndinapitadi mpaka patebulo la aphunzitsi. Koma kumbuyo wina anaseka, mwina ankaseka zina, ine n'kungopempha kupita kuchimbudzi. Yamikani anakhazikika m'kaundula, anandiperekeza pa mayeso onse, ndipo ndi amene ali pa chitupa changa lero. Chaka chotsatira mayi Esitere anabwerera kwawo ku Phalombe. Sindinawaonenso. Za imfa yawo ndinamva ndili ku sekondale, patapita miyezi chimwalirireni.

Tsopano ndili ndi ana atatu, ndipo ndaonapo mkazi wanga akulimbana ndi khanda lokana bere, misozi ili m'maso. Ndamvetsa kuti mayina athu ambiri, ngakhale aja timawaseka, a Nditani, a Mavuto, a Sindikhala, ndi mawu amene munthu wina analankhula pa tsiku lovuta kwambiri la moyo wake, ndipo mwana amawanyamula osadziwa kuti anatuluka m'kamwa mwa yani. Mnzanga wa kuntchito akanditchulira dzina lachilendo, sindiseka. Ndimafunsa kuti anamutcha ndani.

Anthu amene amanditchabe Yamwani atsala awiri, amalume ndi mlongo wawo wa ku Diamphwe, ndipo onse akalamba. Ndikawaimbira foni sindidzitchula. Ndimadikira kuti alitchule iwowo.