Akaunti yomwe ndinafufuta inali ya maliro

Inu owerenga, ine sindinabepo ndalama ya munthu, ngakhale tambala. Koma ndinalakwira banja lina kwambiri ndi mzere umodzi womwe ndinachotsa pakompyuta, ndipo ndikulemba kuti wina asadzachite zomwe ndinachita ine.

Ndimagwira ntchito yowerengera ndalama pa esiteti ina ya tiyi kuno ku Mulanje. Nditangotha miyezi itatu pantchito, eni kampani anabweretsa pulogalamu yatsopano yosungira maakaunti, ndipo ine ndinapenga nayo. Kunena zoona, chinthucho n'chodabwitsa. Kapitawo akalemba makilo a tiyi kumunda, nambala ija imayenda yokha kukafika pa malipiro, pa msonkho, mpaka pa lipoti la mabwana ku Blantyre, popanda munthu kugwira cholembera. Ndinkangokhala kukamwa yasa, tiyi wanga n'kuzizira m'kapu.

Ntchito yosanja maakaunti a m'leja, buku lalikulu la ndalama za kampani, inagwera ine, poti wa dipuloma ndinali ine. Pulogalamuyi imafuna akaunti iliyonse ikhale ndi nambala ndi banja lake: katundu wa kampani payekha, ngongole pazokha, ndalama zolowa pazokha, zotuluka pazokha. Leja yathu yakale inali thengo lenileni. Munali akaunti ya nkhuni, ya maambulera, ina ya njinga yomwe inatha ine ndisanabadwe. Ndinapinda malaya n'kuyamba kusesa.

Kenako ndinafika pa akaunti yongolembedwa kuti Thumba. Mwezi uliwonse munkalowa kandalama kodulidwa pa malipiro a othyola tiyi. Mayi Esinati, amene anasunga leja ija zaka zambiri ndipo anali pafupi kupuma pantchito, anandichenjeza. "Achimwene, imeneyo musaigwire. Si ya kampani, ndi ya anthu. Ife timangowasungira."

Ndinayankha kuti ndamva, koma mumtima ndinati awa ndi a nthawi ya makina a taipi. Sindinafunse n'komwe kuti anthuwo akusungira chiyani. Ndinaona kuti ndi ndalama yolowa, ndiye ndinaiphatikiza ku zolowa zina ndi zina, Thumba lija n'kulifufuta. Ndandanda wanga unatuluka waufupi, wooneka bwino, mpaka mabwana anandiyamikira.

Chomwe sindinaganizire n'chakuti pulogalamuyi imamvera kuposa munthu. Chaka chitatha inasonkhanitsa zolowa zonse, n'kuziwerengera ngati phindu la kampani, n'kutseka mabuku. Inachita ndendende zomwe ndinaiuza.

Dzinja lili pakati, a Walasi anamwalira. Bambowa anathyola tiyi pa esitetiyi moyo wawo wonse, koma kwawo kunali kutsidya kwa Muloza, ku Mozambiki. Apa m'pomwe ndinadziwa kuti Thumba lija analiyambitsa antchito eni ake, makamaka ochokera kutsidyako, kuti munthu akatisiya, bokosi ndi galimoto zipezeke, akagone pafupi ndi makolo ake.

Akazi awo anabwera pawindo la ofesi Lachisanu m'mawa, limodzi ndi wapampando wa antchito, kudzatenga ndalama za ku Thumba. Ndinasaka akauntiyo, kompyuta inati kulibe. Mayi Esinati anangondiyang'ana. Manijala anati sangatulutse ndalama pa akaunti yomwe kulibe, komanso kukonza za chaka chotsekedwa kumafuna chilolezo cha ku Blantyre, ndipo wosainayo abwera Lolemba. Thupi linali m'nyumba, silikanadikira. Anzawo anasonkha, koma zinakwana bokosi lokha. Lamulungu a Walasi anaikidwa m'manda a pa esiteti pomwepa.

Lolemba katswiri wa ku Blantyre analowa m'kompyuta yanga ali komweko. Ndinaona kamuvi kakuyenda kokha pasikirini, ine manja ali pamiyendo. Anatsegula mbiri ya zonse zomwe zinasinthidwapo. Abale inu, chinthu chija sichiiwala! Panatuluka tsiku, ola ndi dzina langa. Panatulukanso kandalama kalikonse komwe a Walasi ndi anzawo anadulidwa, mwezi ndi mwezi, zonse zili bwinobwino m'kati mwa phindu la kampani momwe ndinaziponya. Katswiriyo anatsegula akaunti yatsopano m'banja la ngongole, poti ndi ndalama yosungira ena, n'kubwezeramo zonse. Sizinamutengere ngakhale mphindi khumi.

Ndalama tinakapereka Lachitatu, ndipo ndinaumirira kupita nawo. Akazi a Walasi anagwada n'kulandira ndi manja awiri. "Zikomo achimwene, mwavutika nafe. Kungoti bambowo ankanena kuti asadzagone kuno." Sankadziwa kuti wolakwa ndi amene akumuthokozayo, ndipo ine, mwamantha anga, sindinawauze.

Ntchito sanandichotse, anangondipatsa kalata yochenjeza. Pulogalamu ija ndimaigomerabe mpaka lero, koma tsopano ndimaiopanso, chifukwa siifunsa kuti mwatsimikiza kuti ndalamayi ndi yanu.

Choncho inu amene mwapatsidwa ntchito yosanja maakaunti, musathamangire ndandanda wokongola. Akaunti ingaoneke yachabechabe bwanji, alipo amene anaitsegula ndipo anali ndi chifukwa. Musanafufute kapena kuphatikiza, dzukani pampandopo mukafunse kuti ndalamayo ndi ya yani, ndipo wamkulu akakuuzani kuti musagwire, funsani kuti bwanji. Ine ndinafunsa mochedwa. Ndalama inabwerera m'malo mwake tsiku limodzi, koma a Walasi kwawo sanapite.