Agogo ankati adya kale

Ndinasiya agogo anga akupirikitsa okha mbalame mumpunga, ine ndili kalikiliki ndi galimoto ya mu kompyuta. Inu owerenga, ndimvereni, mwina wina angapulumuke.

Makolo anga anamwalira ndili wakhanda, choncho ndinaleredwa ndi agogo akuchikazi kufupi ndi sikimu ya mpunga ya Likangala. Sindinali wolankhulalankhula. Ndinkangoyang'ana, moti agogo ankati maso anga saphonya kanthu.

Mnzanga wina wotchaja mafoni pa Kachulu anali ndi laputopu yakale. Munali gemu yolumikiza galimoto chitsulo chimodzichimodzi. Ukaiwala kumanga bawuti imodzi, tayala linkachoka uli paliwiro n'kufera pomwepo. Munthu wa m'gemumo ankamva njala, ludzu ndi kutopa, ndipo timizere ta pakona tinkasonyeza akafuna kukomoka. Anzanga inkawatopetsa, koma ine inandigwira mtima. Mmenemo chilichonse chinali ndi chifukwa chake. Injini ikakana kulira, cholakwika chinkapezeka n'kukonzeka. Za imfa ya makolo anga palibe anandiuzapo chifukwa.

Mpunga utabereka, ntchito yanga inali kukhala papuloti kuyambira m'mamawa, kukoka chingwe cha zitini kuti mbalame zizithawa. Pofuna kuti ndizikasewera gemu ija m'shopu ya mnzangayo, ndinanama kuti ndapeza ganyu yoyanika matemba. Agogo anangoti, "Pita mwanawe, zitinizo sizilemera."

Ankapita okha, miyendo ili yotupa, n'kukhala padzuwa tsiku lonse. Ufa unali utachepa, ndipo madzulo ankandikankhira mbale n'kunena kuti adya kale kwa anzawo. Ine amene sindinkalola munthu wa m'gemu kugona ndi njala, sindinaone kuti mikono ya agogo ikutha.

Tsiku limene injini yanga inalira koyamba, mayi wa puloti yoyandikana nafe anandipeza m'shopumo, miyendo ili matope okhaokha. "Iwe, tinadabwa kuti zitini zangoti zii kuyambira m'mawa. Agogo ako tawatola m'ngalande."

Sanamwalire, koma mbali imodzi inauma ndipo salankhulanso. Mpunga wonse mbalame zinamaliza. Tsopano ndimawamwetsa phala ndi supuni, ndikuyang'ana pamilomo pawo kuti ndidziwe ngati akhuta. Nthawi zambiri sindidziwa.

Achinyamata anzanga, gemu yotere imakoma chifukwa imakuonetsa pamene walakwitsa, n'kukulola kuyambiranso. Amene akukulerani sadzakuonetsani. Akakuuzani kuti adya kale, musakhulupirire. Kankhirani mbaleyo pakati, mudye nawo. Ine ndinaphunzira zimenezi agogo atasiya kale kuyankha.