Chilombo cha ku Kanyama

Mboni zanga ndi zitatu: wometa tsitsi wa pamsika wa Kanyama, mayi wa vitumbuwa amene ankandisungira zopserera, ndi mwini kanyumba ka vidiyo, Myao wosadziwa kunama. Awiri anamwalira, koma mpaka lero sanasinthe mawu.

Fakitale yathu ya mabulangete itagulitsidwa, anatiuza kuti tizipita, ndalama zathu zitipeza kunyumba. Amene anandipeza ndi mwininyumba. Anazula chitseko n'kuchoka nacho pamutu. Mkazi wanga anapachika chiguduli pakhomo.

"Imwe batate bake mwana, mvula ikabwera kulibe chitseko, ine niyenda ku Katete na bana."

M'mawa ndinkakaima pamageti a mafakitale kufuna ganyu. Tinkachuluka moti ntchentche zinkasowa podutsa. Masana ndinkasenzera Myao uja batire kukatchajitsa, iye n'kundilowetsa ulere.

Pamabenchi tinkakhala amuna okhaokha ochotsedwa ntchito. Zachikondi ndi zakarate sitinkazifuna. Tinkafuna chibuluzi chotuluka m'nyanja, chachitali kuposa nyumba zam'tauni zitasanjikizana. Chimenecho sichinkauza munthu kuti abwere mawa. Chikaponda, bwana ndi mlonda ankathawa liwiro limodzi, wina tayi ili kumsana.

"Kumanzere, mudala!" tinkachilondolera. "Ofesi ya ba manija ili kumanzere!"

Boma la mufilimumo likatumiza chimunthu chachitsulo kudzapulumutsa mzinda, tinkachikuwiza. Pamene fakitale imagwa tinkabwezeretsa tepi kambirimbiri, mpaka fakitaleyo inazolowera, inayamba kugwa yokha chilombo chisanafike. Ndikulumbira, funsani wometa.

Tsiku lina masana, mitambo itada, chinsalu chapakhomo chinakankhidwa. Mkazi wanga, mwana kumsana. Amuna onse anaweramitsa mitu ngati tili pamaliro. Mkazi wanga sanakalipe. Anakhala pambali panga n'kuonera mlatho ukuthyoledwa ngati nzimbe.

"Ichi chinthu chimadya chani?"

"Malaiti na masitima."

"Chili na bana?"

"Iyayi."

"Ndiye chifukwa chili na nthawi."

Ndinafuna kumuuza kuti m'kanyumba aka mokha ndi mmene ndinkaona wamkulu akuthamanga, kuti ndikatuluka mtima unkapepuka mpaka pangalande yapakona.

Mvula inagwa sabata yomweyo. Madzi a ku Kanyama salemekeza ngakhale nyumba ya chitseko, nanga yanga akanaodira? Mapoto anayandama kupita kwa aneba, ndipo ana anagona patebulo, wamng'ono akutsokomola. Kutacha ndinawanyamulira katundu mpaka pabasi. Mkazi wanga sanayang'ane pawindo.

Ndinapitabe ku vidiyo, koma ndinaleka kulondolera. Ndinkangoyang'ana anthu ang'onoang'ono othawa pansi paja, ndikuwerenga amene agwira ana padzanja.

Ndalama zinafika chimanga chitauma, zitaonda ngati eni ake. Zinkakwana kuombola chitseko kapena tikiti ya ku Katete, osati zonse ziwiri. Ndinagula tikiti. Pochoka sindinavutike n'kukiya.